Ndinali nkhoswe ya a Phiri

Akulu ampingo, amayi a chigwirizano, makamaka inu achinyamata a kuno ku Wusakile: ndimvereni, pakuti nyimbo imene ena a inu munavina muli ana inachokera pakamwa panga. Mayi Nabanda, amene akhala apo, andilola kuti ndinene zonse.

Ndinali kalaliki pamgodi. Ndinaphunzira kumishoni, ndipo ndinkanyada ndi lilime langa. Pamilandu ya mabanja anthu ankanditenga chifukwa miyambi inkanditsika ngati madzi. Tsono migodi itagulitsidwa, dzina langa linatuluka pamndandanda wa ochotsedwa. Ndinayamba kucherezera kutavani. Kumeneko lilime lomwe lija linkandigulira mowa.

Mwana wa mlongo wanga, Yohane, ankaimba nyimbo za rapu ndi mnzake Chanda. Ankadzitcha Mapasa a Moto. Ntchito yamumgodi imene atate awo anawalonjeza kunalibenso, iwo n'kupeza yawo: kutukwana motsata ng'oma. Pawailesi anawakana. Koma makaseti awo ankalira m'minibasi iliyonse yopita ku Ndola, ndipo makolo akamadandaula, malonda ankakwera.

Ndinayenera kumudzudzula monga malume wake. M'malo mwake ndinkakhala nawo pabenchi kutavani kuja. Chanda ankati, "Ba shikulu, agogo athu, tipatseniko Chinyanja chakuya, chija amayi amatseka nacho makutu." Ine ndinkawapatsa. Mawu a kuchilangizo, osayenera kumveka pabwalo, ndinawakhuthula pamaso pa anyamata osakwatira.

Masiku omwewo mnzanga, a Phiri, amene anagwira pansi pamgodi zaka zambiri, anachotsedwanso. Mtima unawasweka, thupi nalo n'kufooka, ndipo m'nyumba mwawo munalowa vuto la kuchipinda. Abale onse anali ku Malawi, choncho ine ndinali nkhoswe ya mbali zonse ziwiri. Tinakhala atatu, chitseko chotseka: a Phiri, akazi awo Mayi Nabanda, ndi ine. Mwamuna wamkulu analira pamaso panga.

Nkhoswe ndi dzala. Chotayidwa pamenepo sichibwereranso pakhomo. Ine ndinachitola n'kupita nacho kutavani.

Sindinatchule dzina. Ndinangotchula chipewa chamumgodi chimene a Phiri ankavalabe ngakhale ntchito inatha, ndi tebulo la tomato la akazi awo pakona. Anyamata anaseka mpaka misozi. Mwezi usanathe, nyimbo inatuluka, chipewa ndi tomato zili momwemo. Inaposa nyimbo zawo zonse.

Wusakile yense anadziwa. Makondakitala ankaiimba a Phiri akamakwera basi. Amuna ankaima patebulo la tomato n'kumafunsa zosayenera. A Phiri anavula chipewa chija, analeka kubwera kutchalitchi, kenaka analeka kutuluka m'nyumba. Ine ndikawaona akazi awo, ndinkakhotera njira ina.

Chaka chisanathe, a Phiri anamwalira. Sindinena kuti nyimbo inawapha. Adokotala anatchula matenda ena. Koma ndikudziwa kuti anafa akubisala.

Ndinapita kumaliro monga nkhoswe. Masana, tikudikira galimoto yodzanyamula bokosi, minibasi inaima pamsewu, nyimbo ija ikulira. Amayi anakweza nyimbo yamaliro kuti aiphimbe. Mayi Nabanda anandiitanitsa pakhomo, nayankhula motsitsa mawu.

"Ankhoswe, m'chipinda muja tinali atatu. Mmodzi ndi uyo wagonayo. Ine sindinauze munthu."

Ine wa miyambi ndinachoka pakhomopo chowerama.

Masabata atatu sindinalawe mowa, osati chifukwa cha chiyero, koma manyazi. Ndinatsegula Baibulo limene linachita fumbi, ndipo ndinapeza pamene akunena kuti lilime ndi moto. Ndinagwada pasimenti. Ndinati, Ambuye, ndatentha nyumba ya mnzanga, ndichitireni chifundo. Ndipo anandimva, ine wosayenera.

Ndinapita kwa Mayi Nabanda ndi akulu ampingo awiri. Anandisiya chogwada nthawi yaitali. Pomaliza anati, "Ndakukhululukirani, chifukwa nanenso ndifuna kukhululukidwa. Koma amene mukanam'pepesa kulibe." Mawu amenewo ndimayenda nawo mpaka lero.

Ndinapitanso kwa Yohane kukam'pempha kuti aleke kugulitsa kaseti ija. Anati, "Amalume, ngakhale ifeyo tileke, ojambula mwakuba ali nayo kale msika wonse." Madzi akatayika saoleka. Mapasa a Moto anadzakangana n'kupatukana. Chanda anapita ku Lusaka. Yohane amasoka nsapato ku Ndola, ndipo ana ake sawalola kumva nyimbo zake. Iye ndimam'pempherera. Anayatsa moto, koma nkhuni ndinam'patsa ndine.

Alemekezeke Mulungu, amene anandichotsa pabenchi lija n'kundibwezera pakati panu. Unkhoswe sindinaulandirenso, ndipo sindiupempha. Ngati alipo wina pano amene wasenza chonga changa, asadikire maliro monga ndinachitira ine. Yesu akulandira lero.

Ndipo inu ana anga, imbani; kuimba si tchimo. Koma munthu akakutsekerani chitseko n'kukuuzani chakukhosi, muchisiye m'chipinda momwemo. Ndipo nyimbo yonyoza munthu ikalira m'basi, musaithandize ndi pakamwa panu.