Makutu a Malemu Yevgraf Ladygin

Bambo wansembe, agogo, mayi, alakatuli nonse amene mwabwera, ndi inu anansi athu a nyumba ya ku Vasilevski, zikomo.

Mwambo umafuna kuti ndiyambe ndi tsiku limene malemu anabadwa, ndipo ndifikapo. Koma chiyambire dzulo, pamasitepe, kukhitchini, ngakhale kumbuyo uko pafupi ndi makandulo, pakuyenda kanong'onong'o, ndiye ndibwino ndikanene mokweza kuti makosi anu apume. Akuti mtsikana amene awerenge mbiri lero si mwana wa malemu. Mtsikanayo ndine. Dzina langa ndi Taisiya, ndili ndi zaka khumi ndi zisanu, ndipo sukulu ndinalekeza chaka chija inki inauma ndi chisanu m'mabotolo, choncho pena pakakhota mundikhululukire. Miseche ndimaikonda, sindikana, anansi akudziwa. Koma uwu ndaumva kuyambira ndikukwawa, ndipo lero ndikufuna tiyambe taukwirira uwo tisanakwirire bambo.

Malemu a Yevgraf Platonovich Ladygin anabadwa pa 9 Novembala 1876 m'tauni ya Torzhok. Bambo awo anali malemu a Platon Ladygin, ogulitsa zikopa, ndipo mayi awo ndi a Olimpiada Karpovna, agogo amene akhala kutsogoloku. Mwa ana onse a m'nyumbamo, amene anakula ndi iwo okha. Anabadwa ndi makutu otambalala ngati zogwirira za poto, moti anzawo, amene ankawatchula kuti Grasha, ankawaseka kuti akathamanga molimbana ndi mphepo sangafike. Malemu ankatiuza kuti agogo ankawamanga makutuwo ndi kansalu pogona kuti aphwe, koma kukacha ankangoimiriranso chilili.

Sukulu anaphunzira ku Tver, ndipo mu 1895 anabwera kuno ku Peterburg kudzaphunzira zamalamulo ku yunivesite. Agogo ankadikira loya, koma chimene chinatuluka ndi mlakatuli. Mu 1899 malemu analowa gulu limene linkakumana Lachinayi lililonse kunyumba kwa a Rostislav Karlovich Berg, amene aima apowa ndi ndodo. Inu a Lachinayi mundikonze ndikalakwitsa, koma mmene ine ndinamvera, chikhulupiriro chanu chinali chakuti chilichonse chimene maso akuona ndi chizindikiro chabe cha china chachikulu chimene chili kuseri. Dzuwa likalowa lofiira pa mtsinje wa Neva, ife timati mawa kuzizira, pamene inu munkavula zipewa n'kumati dziko latsopano layandikira. Ndiye panali lamulo lanu lija: chinthu ukachitchula mwachimvekere, wachipha. N'chifukwa chake malemu analemba mabuku atatu a ndakatulo opanda mawu oti mphaka, chikhalirecho m'nyumba amphaka sankasowa.

Mu 1901 anayamba ntchito yokonza zolakwika pamalo osindikizira mabuku, ndipo anaigwira mokhulupirika mpaka 1917. Chaka chomwecho cha 1901, madzulo ena, anaona mtsikana ataima pa mlatho, dzuwa lili kumbuyo kwake, atanyamula bokosi la zipewa. Anali a Serafima Nikitichna, mayi angawa, amene ankasoka zipewa za amayi. Malemu anathamangira kwa anzawo kukanena kuti aona Nzeru ya Kumwamba itavala thupi. Mayi amati anaima pamenepo chifukwa nsapato inkawaluma.

Anakwatirana pa 28 Epulo 1902. Paphwando la ukwatiwo, pamaso pa gulu lonse ndi pamaso pa agogo, malemu anaimirira n'kulumbira kuti ukwati wawo ukhala woyera: akhala ngati mlongo ndi mlongo wake, pakuti chizindikiro cha kumwamba sachigwira ndi manja. Anthu anaomba m'manja, ena analira. Woti afunse maganizo a mkwatibwi sanapezeke. Kuyambira pamenepo amuna a ndevu zawo ankabwera kudzagwada pamaso pa mayi ndi maluwa oyera, mayi ali phee pampando ngati chithunzi cha m'tchalitchi, m'mimba mukulira njala.

Anapirira mpaka Epulo 1906. Tsiku lina analongedza katundu wawo n'kunena kuti, "Grasha, ine si kulowa kwa dzuwa ayi. Mapazi anga amazizira. Ngati ukufuna mkazi wakumwamba, mudikire adzakuphikire kabichi, ine ndikupita kwathu." Malemu anakhala kaye pansi kuganiza kuti zimenezi zikutanthauza chiyani. Kenako anazindikira kuti zikutanthauza kuti mkazi akupita. Anathamanga mpaka kusiteshoni opanda chipewa, makutu ali psuu ndi mphepo, n'kukawatsitsa m'sitima. Bambo wansembe mundikhululukire, ine ndinabadwa pa 17 Januwale 1907. Amene amadziwa kuwerenga miyezi awerenge.

Apa ndiye pamene panalakwika. Agogo atamva za mwana anakwera sitima kuchokera ku Torzhok, ndipo tsoka ilo anafika Lachinayi, gulu lonse litabwera kudzaona khanda. Agogo sazungulira. Anafunsa pamaso pa onse kuti, "Grasha, unalumbira ine ndikumva. Mwanayu ndi wako kapena si wako?" Malemu anayang'ana anzawo, anayang'ana pansi, kenako anati, "Mwanayu ndi wa mbandakucha, amayi." Anzawo anaomba m'manja kuti yankho lakoma. Agogo anavala magolovesi awo n'kutuluka, ndipo m'nyumba mwathu sanapondemonso mpaka dzulo. Ine kwa iwo ndinakhala "mwana wa Serafima", dzina langa silinatulukepo pakamwa pawo.

Akuluakulu anati mbewa ya manyazi inafera kuuna. Malemu anachita manyazi kuvomera kuti lumbiro analiswa, komanso ankakhulupirira ndi mtima wonse kuti chinthu chopatulika sachinena poyera. Tsono pamene mwini wake wakhala chete, anthu amadzaza okha. Ena ankati bambo anga ndi mkulu wa asilikali a pamadzi, ena ankati ndi dokotala wa pansanjika yachiwiri, ndipo ndinamvapo zoti ndi munthu wa ku Finland amene ankabweretsa mkaka. Ameneyo ndinakamuona ndekha, ndi wa makutu ang'onoang'ono ngati a khoswe. Ine nditha kuseka, koma mayi sankaseka. Pamzere wa buledi amayi anzawo ankawapatsa malo aakulu ngati odwala mphere, ndipo alakatuli amene ankawagwadira aja anayamba kuwoloka msewu akawaona.

Komabe musaganize kuti kunyumba malemu anali mlendo kwa ine. Ankandiluka tsitsi mokhotakhota, anandiphunzitsa zilembo pa zenera la nthunzi ndi chala chawo, ndipo ndikadwala ankagona pansi pafupi ndi bedi langa. Chinthu chimodzi chokha ndi chimene chinkawakanika. Ndili ndi zaka zisanu ndi zinayi ndinabwera ndikulira, ana anzanga atandiimba kuti mwana wa mbandakucha, ndipo ndinawafunsa maso ndi maso. Anandisisita mutu n'kunena kuti, "Taya, mtsinje sufunsa kasupe wake." Ndinakalirira kuseri kwa kabati. Mtsinje mwina sufunsa, koma ine si mtsinje.

Mu 1914 anakawayeza za usilikali, koma anawabweza chifukwa cha mtima. Boma litasintha mu 1917 malo awo a ntchito anatsekedwa, ndipo zimene zinatsatira nonse mukuzidziwa, tinazidya limodzi. Tinasonkhezera mbaula mipando, kenako mashelefu, kenako mabuku awo omwe. Anagulitsa chijasi chawo. Kuyambira 1919 ankaphunzitsa asilikali a pamadzi kuwerenga, n'kumalandira buledi ndi nsomba zamchere. Ndipo ine ndikuti zaka zimenezi ndi zimene zinawachiritsa. Tsiku lina atakwera masitepe onse aja ndi madzi, anatula chidebe n'kukhala pansi akuseka. Anauza mayi kuti, "Sima, ndachiyang'ana njira yonse chidebechi, kuseri kwake kulibe kanthu. Ndi chidebe basi, ndipo chikulemera." Nthawi yachisanu yomweyo analemba ndakatulo imene muli mphaka, mphaka weniweni wokuba nsomba, ndipo asilikali aja anaiwerengetsa kawiri.

Matenda anayamba mu Novembala 1921. Miyendo inatupa, mpweya unkawathera, ndipo dokotala anawaletsa kudzuka. Nthawi imeneyo agogo anali atasamukira kuno kwa mwana wa mchimwene wawo. Anatumiza mawu kuti akufuna kudzaona mwana wawo, koma adzabwera tsiku limene mtsikana uja adzakhale atachokapo. Mayi ankandiuza zimenezi kukhitchini monong'ona, kuiwala kuti odwalawo makutu anali nawo okwanira.

Lachinayi pa 23 Febuluwale 1922, masana, malemu anadzuka. Anavala chijasi cha mayi, mabatani ali mbali yolakwika, n'kundiuza kuti ndiwagwire mkono. Mayi anaima pakhomo kuwaletsa, koma iwo anati, "Sima, ndachedwa kale." Tinayenda m'chipale chofewa pang'onopang'ono, tikupuma pa ngodya iliyonse, mpaka kwa a Rostislav Karlovich. Otsala a gulu lija anali pomwepo atavala zipewa m'nyumba. Anawapatsa malo, onse ali tcheru kudikira ndakatulo. Malemu anagwira tebulo n'kunena kuti:

"Abale anga, lero ndilankhula ngati wogulitsa zikopa. Uyu ndi Taisiya Yevgrafovna, mwana wanga wobereka ndekha. Lumbiro lija ndinaliswa ine mu 1906, ndipo pa zonse ndachita m'moyo, chimenecho ndiye ndinachita bwino. Serafima si Nzeru ya Kumwamba. Ndi mkazi wanga, ndipo ndamulakwira kwambiri."

Kenako a Rostislav Karlovich anati, "Yevgraf, wapha chizindikiro." Malemu anayankha kuti, "Chife, bola mwana akhale ndi bambo." A Rostislav Karlovich anayang'ana ine, anayang'ana iwo, n'kupukusa mutu. Anati, "Ambuye! Ife oona zakuseri, zaka zonsezi osaona zimene zili m'mbali mwa mutu." Anaimirira n'kundipatsa mpando wawo, anandithirira tiyi wa karoti n'kunena kuti, "Taisiya Yevgrafovna, shuga kulibe, mutikhululukire." Aka kanali koyamba munthu wa kunja kwa banja kunditchula ndi dzina la bambo anga.

Pobwerera malemu anali osangalala ngati mwana wotuluka m'kalasi. Ankati mawa tipita kwa agogo kukanena mawu omwewo. Koma kutacha thupi linatentha, chibayo chinawagwira, ndipo sanadzukenso. Anatisiya m'mawa wa pa 2 Malichi 1922, kunyumba, atalandira mgonero, dzanja limodzi lili m'dzanja la mayi, lina m'dzanja langa. Anali ndi zaka makumi anayi ndi zisanu. Mawu aja sanafike kwa agogo, ndiye ndawabweretsa ine, ndipo mboni zake zaima apo ndi zipewa m'manja.

Malemu asiya mkazi wawo a Serafima Nikitichna, mayi awo a Olimpiada Karpovna, ndi mwana mmodzi. Asiyanso ndakatulo zimene mbaula sinadye, ndipo a Rostislav Karlovich alonjeza kuti azisindikiza, ya mphaka ikhale yoyamba.

M'malo mwa banja ndikuthokoza bambo wansembe. Ndikuthokoza asilikali a pamadzi amene akhoma bokosili ndi manja awo n'kulikoka pa chileyi mpaka kuno ku manda a Smolensk. Ndikuthokoza a Lachinayi, makamaka amene dzulo anagwadiranso mayi, ulendo uno kupepesa. Ndikuthokozanso a Fyokla Ilinichna a khomo loyang'anizana nafe. Nkhani ya wamkaka ija inachokera kwa iwo, koma uchi umene uli pa tirigu wophika wa malirowu wachokeranso kwa iwo, ndipo masiku ano uchi suoneka. Mulungu awalandire bambo kumene zonse zimaoneka poyera, mzimu wawo uuse mu mtendere.

Tsopano bokosi lisanatsekedwe tipita kukawapsompsona pamphumi komaliza, ndipo mwambo umati a magazi awo ayambe. Ine sindikudziwa ngati ndiime kutsogolo pambali pa agogo kapena kumbuyo ndi anansi. M'mawa uno pakhomo la tchalitchi agogo anandiyandikira n'kundikonza mpango. Chala chawo chinafika pa khutu langa, chinaima pamenepo kanthawi, kenako anachoka osanena kanthu. Bambo akale aja akanati chimenecho ndi chizindikiro. Koma ine zizindikiro zandikwana, ndikufuna mawu.

Bambo wansembe, mundilole ndikankhe mpangowu pang'ono. Bokosi likadali lotsegula, ndipo ine ndaima pano. Yang'anani uko, muyang'ane kuno. Ndikufunsa nonse amene mwanong'ona zaka zonsezi, koma poyamba inu agogo, amene munkawamanga ndi kansalu: makutu awa ndi a ndani?