Moto wa Osaka Mbewa Utazimitsa Magetsi

Moni abale ndi alongo mwa Ambuye, kuchokera kuno ku Petauke. Ndikufuna ndikuuzeni za mwana wanga amene anatsala pang'ono kufa ndi kuzizira.

Inali nthawi ya chipani chimodzi, pamene ngakhale sopo tinkachita kuimira pamzere. Mwanayo anabadwa miyezi isanakwane, m'nyengo yachisanu, ndipo anamwino anamugoneka m'kabokosi kagalasi kofunditsidwa ndi magetsi. Ine anali atanding'amba pamimba, ndipo sindinkatha ngakhale kudzuka.

M'mawa mwake magetsi anazima. Ine ndinkayesa kuti magetsi amapangidwa pa boma pomwepo. Namwino ndiye anandiuza kuti amachokera kutali, kutsidya kwa Luangwa, pa chingwe chimodzi chokha chopachikidwa pamitengo. Osaka mbewa anali atatentha tchire cha ku Msanzala, moto n'kudya mtengo umodzi, boma lonse n'kutsala lopanda magetsi. Injini ya magetsi ya pachipatala inalipo, koma dizilo ankasowa. Kabokosi kaja kanayamba kuzizira. Ndinakwiya, ndipo ndinamufunsa Mulungu mosabisa ngati mwana wanga afedi chifukwa cha mbewa.

Pabedi loyandikana nane panali mayi wa ku Kacholola, dzina lake Esinati, amene mwana wake anali atamwalira dzulo lake. Anadzuka n'kutambasula manja.

"Nipatseni nimufungatile pachifuwa," anatero. "Thupi langa likali lofunda."

Apongozi anga, amene ankandidwazika, anaimirira. "Iyai! Uyu wataya mwana mailo, sanasambe mankhwala. Adzatidwalitsila mwana."

Mwambo umenewo nanenso ndinakula nawo, ndipo ndinkauopa. Koma milomo ya mwana inali itayamba kuda. Ndinapemphera mawu ochepa, kenako ndinauza namwino kuti amupatse mwanayo.

Esinati anamumanga pakhungu ndi chitenje chomwe anabweretsera mwana wake. Anakhala tsonga, misozi ikutsika, osamumasula mpaka anthu a magetsi ataimika mtengo wina tsiku lotsatira. Mwana anali wofunda, akupuma bwinobwino.

Ndikuthokoza Mulungu. Inu amene chodalira chanu chazima lero, musataye mtima, pakuti thandizo langa linachokera kwa munthu amene tinkaopa kumukhudza. Esinati anakwera basi ya ku Kacholola kumsana kulibe kanthu, ndipo sindinamuonenso. Mwana uja lero ndi mayi wa ana ake, ndipo dzina lake ndi Esinati.