Azakhali Amene Anawotcha Zovala

"Koma azakhali a m'buku loyamba aja sindidzawakhululukira. Mayi wa ana waikidwa dzulodzuloli, iwo n'kuwotcha zovala zake zonse! Mwana osamusiyira ngakhale mpango wokumbukira amake," anatero bambo wina pamzere.

Mzere wa anthu odikira kuti wolemba awasainire buku latsopano unali utatulukira panja pa sitolo. Mayi wachikulire amene anaima patsogolo pa wolankhulayo anatembenuka akumwetulira.

"Azakhaliwo ndine, bambo. Wolembayu ndinamulera ine."

"Aa! Ine ndimayesa ndi nkhani yongopeka."

"Yongopeka? Litatuluka buku limenelo, anzanga kutchalitchi ankasuntha ndikakhala pabenchi. Ine duu. Chaka chatha m'pamene wolembayu anabwera kudzandifunsa chifukwa chake. Ndinamuuza kuti amake anamwalira ndi chifuwa chachikulu, ndipo anandilumbiritsa okha kuti ndiwotche zonse, ana angatengere. Analira ngati khanda, ndevu zonsezo! M'buku latsopanoli mutu woyamba wonse ndi wanga, ndipo patsamba loyamba walemba kuti, 'Kwa azakhali, amene anatisunga.'"

"Zoona, amayi?"

"Mukuona ngati ndavalira chiyani chonchi? Aliyense andione lero. Nanga inu, mupepesa pompano kapena mukatha kuwerenga?"