Chibwibwi changa ndi kaseti imodzi ija

Moni abale ndi alongo mwa Ambuye. Ine ndine Wongani, ndinakulira ku Kawale, ndipo ndinabadwa ndi chibwibwi. Ndikufuna ndikuuzeni za miyezi imene ndinasiyiratu kuyankhula, ndi mmene Mulungu ananditulutsira m'chipinda chimene ndinadzitsekera.

Chibwibwi changa chinali chachikulu. Amayi akandituma kumsika ndinkangoloza ndi chala, ndipo kusukulu aphunzitsi ankandidumpha pa nthawi yowerenga. Ndili ku sekondale anzanga anayamba kubwerekana makaseti a rapu, ndipo ndinazindikira kuti ng'oma ikamagunda lilime langa limamasuka. Mawu amene ankandikanika kwa mphindi yathunthu ankatuluka motsatizana, osapunthwa.

Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1990, nditapenta nyumba za anthu ku Area 25 kwa chaka, ndinapita ku Blantyre kukajambula nyimbo zisanu ndi zitatu. Bambo anga, mkulu wa mpingo wochokera ku Rumphi, sanandiletse, koma kasetiyo sanaimvere. Anthu ambiri ankati rapu si nyimbo, ndi kulongolola kwa osuta chamba. Komabe minibasi zingapo zinkaiika, ndipo ine ndinkadzimva kuti tsopano ndine munthu.

Kenako anandiitana ku wailesi, pulogalamu ya Loweruka masana yomveka pompopompo. Ndinauza Kawale yense kuti atchere khutu. Wofunsa mafunso anati, "Tauzani omvera dzina lanu." Munalibe ng'oma m'chipindamo. Ndinakakamira pa "Wo" wa dzina langa. Munthuyo anandidikira, anayesa funso lina, kenako anangoika nyimbo. Ndinatuluka osamaliza ngakhale chiganizo chimodzi.

Pofika Lolemba makondakitala akandiona pasiteji ankakuwa kuti, "Wo-wo-wo-Kawale!" Zimenezo ndikanapirira. Chimene chinandithyola ndi mphekesera yoti amene akuimba pakasetipo si ine, ndinangoikapo chithunzi changa. Ndikanadziteteza bwanji, popeza chodzitetezera chake ndi pakamwa pomwepo? Wogulitsa makaseti ku Old Town anandibwezera katoni yonse, akuti anthu akumuseka.

Ndinalowa m'chipinda, ndinakankhira katoniyo pansi pa bedi. Ntchito yopenta ndinaisiya, kutchalitchi ndinasiya, ngakhale moni wa amayi sindinkayankha. Ankandisiyira chakudya pakhomo n'kudzachitenga chitazizira. M'mawa uliwonse ndinkamva bambo akunditchula m'pemphero lawo la Chitumbuka, ndipo ndinkafunda bulangete kumutu. Ine kupemphera kunkandikanika, chifukwa ngakhale mumtima ndinkachita chibwibwi. Chimene ndinakwanitsa kunena kwa Mulungu m'miyezi isanu ndi iwiri chinali chakuti, ngati liwu langa lilibe ntchito, anditenge.

Tsiku lina masana kunabwera mayi wina wogulitsa usipa ku Biwi, dzina lawo Mayi Nachisale. Ndinkamva zonse kudzera pachitseko. Anauza makolo anga kuti amuna awo, a Kamwendo, anali dalaivala wa minibasi ndipo ankakonda kuika kaseti yanga. Anadwala sitiroko, anafa ziwalo mbali imodzi, ndipo kwa miyezi isanu sanatulutse mawu. Koma kasetiyo ikafika pa nyimbo yachitatu milomo yawo inkayenda, mawu ena n'kumamveka. Tsopano wailesi yawo inali itatafuna tepiyo, ndipo mayiwo anafunsa nyumba ndi nyumba mpaka kutipeza.

Ndinatenga kaseti imodzi n'kuitulutsa pampata wa chitseko. Mayiwo sanailandire.

"Achimwene, zomwe amanena anthu ndinazimva," anatero. "Ine sindikudziwa amene anaimba. Ngati ndinu, tiyeni mukawaimbire. Ndatopa kuyankhula ndekha m'nyumba."

Ndinatseka chitseko. Patapita kanthawi bambo anagogoda, chinthu chimene anali asanachitepo miyezi yonseyo. Anangoti, "Vala nsapato. Ndikuperekeza."

Tinayenda wapansi mpaka ku Biwi, ine nditazyolika njira yonse. A Kamwendo tinawapeza pampando pakhonde, dzanja lamanja lili lende, malovu akutsika pachibwano. Ndinkafuna kuthawa. Sindinkadziwa ngati liwu langa lilipobe. Ndinakhala pansi, ndinakoka chidebe chopanda madzi n'kuyamba kuchimenya ndi chikhatho. Mzere woyamba wa nyimbo yachitatu ija unatuluka wosasa. Wachiwiri unatuluka bwino. Pa wachitatu ndinamva liwu lina, lolemera, lochedwa, likunditsatira. Mayi Nachisale anagwira pakamwa. Nditacheuka ndinaona bambo ataima pafupi ndi khomo, akugogoda chala pa chipewa chawo motsatira ng'omayo.

Ndinayamba kupitako tsiku lililonse. Sindinaphunzire zachipatala, ndinkangochita zimene zinkandithandiza ine. Tinasiya nyimbo n'kumaika mawu wamba pa ng'oma ija: ndikufuna madzi, ndamva kuzizira, zikomo. Masiku ena palibe chimene chinkatuluka, a Kamwendo ankalira ndi mkwiyo, ine n'kubwerera ku Kawale ndili wofooka. Patatha miyezi iwiri, mayi aja akusankha usipa pabwalo, a Kamwendo anamenya bondo lawo katatu ndi dzanja lamanzere n'kuitana, "Na-chi-sa-le." Mayiwo anataya lichero, usipa unamwazika, nkhuku zinadya mmene zinafunira.

Sindikunamizani kuti zonse zinatha. A Kamwendo sanayendetsenso minibasi, koma anakhala zaka zambiri akucheza ndi banja lawo pang'onopang'ono. Ine chibwibwi ndikadali nacho. Kaseti yachiwiri sindinajambule, ndipo alipo ena ku Kawale amene mpaka lero amati woimba uja sindinali ine. Sizindipwetekanso. Ndinabwerera ku ntchito yanga, ndinakwatira, ndipo Loweruka ndimayendera odwala amene mawu anawathawa.

Ndikuthokoza Mulungu amene sanandipatse chimene ndinapempha m'chipinda muja. Ndikuthokoza amayi amene sanatope kusiya mbale pakhomo, bambo amene anandiperekeza, ndi Mayi Nachisale amene anakana kubwerera ndi kaseti yokha. Inu amene mwadzitsekera chifukwa anthu anakusekani, amene ngakhale pemphero likukukanikani, musataye mtima. Ine sindinatuluke chifukwa cha mphamvu zanga, ndinalibe. Wina akagogoda, ngakhale abwere ndi vuto lake osati yankho lanu, tsegulani. Ambuye akusungeni.