Asanandiphe ndi Chikondi

Bambo muulutsi, ndiwerengereni kankhani kanga kuti anthu akwathu ku Chintheche amve.

Ine ndimadwala shuga. Matendawa anatenga mkulu wanga, ndipo ine madokotala anandidula chala chachikulu chakuphazi. Nditatuluka m'chipatala, amayi a mpingo wathu anabwera kudzandizonda. Kwathu kuno wodwala sitimuyendera chimanjamanja, ndipo mphatso sitikana. Mwambowu ngakhale azungu oyamba a ku Bandawe anaupeza n'kuusiya. Amayiwo anatula nzimbe, nthochi zakupsa ndi mpunga wa ku Limphasa wothira shuga wochita kumata milomo.

"Ada, idyani tikuona," anatero mtsogoleri wawo, akunditchula mwaulemu m'Chitonga. "Wodwala akadya ndiye kuti wachira."

Ndinayang'ana mkazi wanga, iye n'kuyang'ana kudenga. Ndikane, ndanyoza mpingo wonse. Ndidye, ndatsatira mkulu wanga. Ndinangomasula bandeji n'kutukula phazi.

"Ama, chala chinali apa chinapita ndi shuga. Mbale iyo ikufuna china. Sankhani nokha choti akadule," ndinatero.

Mtsogoleri uja anausa moyo nati, "Koma chakudya chopempherera sichibwerera." Anayambitsa nyimbo, ndipo amayi onsewo anadya zonse ine ndikuona, nditagwira kapu ya madzi, malovu ali chuchuchu.

Kuyambira tsikulo sindisowa alendo. Amabwera sabata iliyonse, nzimbe zili pamutu, kudzandidyera. Ndimaseka, koma ndikamasesa makoko awo ndimakumbukira mkulu wanga. Iye anali waulemu kuposa ine. Mbale iliyonse ankaimaliza.

Omvera anzanga, mukamakazonda wodwala shuga, nyamulani usipa. Zala zotsalazi ndikuzifuna zonse.