Mbiri ya a Fackson Laimoni, mkamwini amene anakana minda pamaso pa woweruza

Mafumu, abusa ndi nonse mwabwera kudzatikhuza, ine ndine Benedict, mlamu wa malemu. Mbumba yandituma kuti ndiwerenge mbiri yawo.

Malemu bambo Fackson Laimoni anabadwa m'chaka cha 1951 ku Zalewa, m'boma lomwe lino la Neno. Sukulu analekezera Sitandade 8 chifukwa chosowa fizi, kenaka anaphunzira ukalipentala.

Mu 1976 anakwera mapiri kubwera kuno ku Matandani kudzakhoma denga la tchalitchi, ndipo sanabwererenso, chifukwa anaona mlongo wanga Edina. Anamanga ukwati chaka chotsatira, n'kukhala pachikamwini. Akuluakulu amati mkamwini ndi mlamba, sachedwa kuterereka, koma awa takhala nawo zaka zoposa makumi anayi. M'munda umene mayi athu anawalozera anadzalamo manachesi. Kumpingo wa Seventh Day anali dikoni, kenaka mkulu wa mpingo, ndipo mabenchi ena mwakhalirawo ndi ntchito ya manja awo.

Mu 2015 boma linatenga malo kuti lidutsitse msewu. Mzere wa msewuwo unadya minda ya alongo anga atatu, Edina, Tryness ndi Jessie, amene anali wamasiye wa ana anayi. Oyeza malo atafika anapeza a Laimoni ali ndi khasu m'manja, basi n'kulemba minda yonse m'dzina lawo, poganiza kuti mwamuna ndiye mwini. Dothilo sanaliikire mtengo, ati malo a mafumu sagulitsidwa. Manachesi anawaona ngati nkhuni. Kachipukuta misozi kochepako kakanagwera m'manja mwa malemu okha, alongo angawo n'kutsala opanda polima.

Malemu anakana kusaina. Ena ankawaseka kuti ndani analimbanapo ndi boma, ena n'kumati landirani, mukagawana kunyumba. Iwo ankayankha kuti chogawiridwa ndi chifundo, pomwe alamu awo sakupempha chifundo, akufuna chawo. Anapeza loya wothandiza osauka, mlandu n'kukalowa kukhoti lalikulu ku Blantyre. Anatha zaka zisanu akutsika ndi kukwera mapiri, m'dzinja akuyenda wapansi m'matope mpaka popezeka galimoto. Ngakhale zipangizo zina za ukalipentala anagulitsa.

Tsiku lopereka umboni ndinalipo. Atafunsidwa kukula kwa malo awo, anauza woweruza kuti iwo anangobwera kudzakwatira, chawo ndi mitengo yokha imene anadzala, ndipo anatchula eni minda mmodzimmodzi. Ine misozi inali lengelenge. Chibadwire sindinaonepo munthu akuyenda mtunda wonsewo kukakana chuma chimene boma lamulembera kale, ndipo mpaka lero ndikazikumbuka ndimachita mantha.

Woweruza anabwera okha kudzaona mindayo. Pogamula anati malo a makolo ali ndi mtengo ngakhale alibe chikalata, ndipo aziyezedwa poona mmene minda yofanana nayo imapezekera m'deralo, zimene eni ake ankakolola, ndi vuto la kusamuka. Anatinso chipukuta misozi cha nachesi wobereka chilingane ndi zipatso zonse zimene mwini adzasowe kufikira wina atakula. Analamula kuti chipukuta misozi chipite kwa amene wataya munda, aliyense m'dzina lake. Alongo anga anapeza minda ina kutsidya kwa mtsinje, ndipo ana a Jessie lero ali ndi polima.

Chaka chatha malemu anayamba kuvutika ndi kuthamanga kwa magazi, kenaka anafa ziwalo mbali imodzi. Anagonekedwa pachipatala cha boma ku Neno, kumene anatisiya Lachiwiri m'mawa ali ndi zaka 74.

Asiya mkazi wawo Edina, ana aamuna awiri ndi aakazi atatu, zidzukulu khumi ndi ziwiri, komanso mchemwali wawo mmodzi.

Pamwambo wathu mkamwini amakagona kwawo, ndipo abale awo a ku Zalewa anabwera ndi galimoto kudzatenga thupi. Koma Edina, Tryness ndi Jessie anawagwadira kupempha kuti malemu awasiye kuno. Abalewo anavomera, ndipo tikuwathokoza kwambiri. Choncho lero agona pakati pa makolo athu ngati mwana wa m'mudzi muno. Alamu, malo ano ndi anu.

Apumule mu mtendere.