Tsamba Lachinayi la Pangano la Buku la Bambo Anga

Ine, Tantri Wulandari, wa zaka 23, wokhala ku Kotagede mumzinda wa Yogyakarta, ndinamaliza maphunziro a zamalamulo chaka chatha ndipo ntchito sindinaipeze. Ndikuyankha pano pa polisi dandaulo la a Hartoyo, mwini kampani yosindikiza mabuku, loti ndinaba pangano mu ofesi yawo.

Bambo anga, a Sumarno, ndi mmisiri wa siliva. Analemba buku la nkhani ya amisiri anzawo. Mu Malichi chaka chatha anasaina pangano losindikiza bukulo kunyumba kwa a Hartoyo. Ine sindinalipo. Anandiuza kuti sanaliwerenge, poti kuwerenga pepala pamaso pa munthu amene wakupatsa tiyi n'kumutcha wakuba. Anangoika chizindikiro chawo pansi pa tsamba lililonse monga timachitira, n'kusaina pa sitampa ya boma kumapeto. Pepala lawolawo sanapatsidwe, ndipo sanafunse.

Lolemba pa 6 Meyi, 10 koloko m'mawa, kunabwera anthu atatu n'kuyamba kuyeza chipinda chogwirira ntchito cha bambo ndi tepi. Mmodzi anati anagula kwa a Hartoyo ufulu wopanga filimu ya bukulo, akufuna kuijambula m'chipindamo, ndipo mathero ake awasintha. Anati bukulo likumasuliridwanso m'Chikoreya. Bambo zonsezi anazimva koyamba tsikulo.

Lachiwiri, 9 koloko m'mawa, ndinapita pa njinga yamoto ku ofesi ya a Hartoyo, mtunda wa makilomita asanu ndi awiri. Ndinapempha kuona panganolo. Anaseka, nati: "Loya wathu wafika, digiri ikadali yotentha." Anandifotokozera kuti wogula ufulu wosindikiza buku amatenganso wa filimu, womasulira ndi wowerenga pa wailesi, monga anapiye amatsatira make. Ndinawayankha kuti anapiye sapita ndi wogula nkhuku ngati mwini sanawagulitse, ndipo andionetse pamene bambo anawagulitsa.

Anaika panganolo patebulo. Linali la masamba asanu ndi limodzi. Masamba asanu anali ndi chizindikiro cha bambo cha inki yabuluu. Tsamba lachinayi, lopereka maufulu onse aja mpaka kalekale, linalibe. Pepala lake linali loyera kuposa ena. Masamba enawo anali ndi timabowo tinayi ta waya womangira, ilo tiwiri tokha.

Panganolo ndinaliika m'chikwama. Iwo anati: "Bweza, mwana iwe, usanadziwonongere tsogolo." Ndinati tikakumane ku polisi. Sindinakankhe munthu, sindinathamange. Nthawi ya 10:40 ndinalipereka kwa wapolisi wa pakauntala pano, ndipo anandilembera lisiti. Choncho kutenga ndinatengadi. Lili m'kabati mwanu.

Lachitatu, 4 koloko masana, a Hartoyo anabwera kwathu ndi bokosi la makeke. Analankhula ndi bambo, ine osandiyang'ana. Anati tikaisiya nkhani ya tsambalo, achotsa dandaulo lawo ndipo andilemba ntchito yoyang'anira mapangano pakampani yawo. Bambo anandikumbutsa kuti ndakhala pakhomo miyezi khumi, ndipo kuyankha ndiyankhe ndekha.

Ndinati: "Ntchito ndikuifuna, bambo Hartoyo, koma yoyamba ndaipeza kale. Ndi mlandu wanuwu."

A Hartoyo anauza bambo kuti analera mwana wopanda mwambo. Bambo anaimirira, ananyamula bokosi lija ndi manja awiri losatsegula, n'kuliika m'manja mwa a Hartoyo. Anati: "Pepani, achimwene, mano anga anatha." Anawaperekeza mpaka pageti. Inali 4:25.

Kupepesa sindipepesa. Ndikupempha kuti tsamba lachinayi lipimidwe, ndipo a filimu auzidwe kuti asayezenso nyumba yathu.

Ndi zomwe ndikudziwa, ndipo ndaziwerenga ndekha tsamba lililonse ndisanasaine.

Wosaina: Tantri Wulandari ____________________